Filimu ija ya anthu ogwidwa chikole: kukambirana ndi zigawenga si kugonja kodi?

KabazaWaChitakale:
Abale, dzulo mvula inatitsekereza pa Chitakale, ndiye tinakabisala m'kashopu ka mnzanga wokonza mafoni. Iye n'kutiikira filimu pa laputopu yake. Si zija zosewera ayi, ndi documentary, anthu enieni akusimba zimene zinawaonekera. Nkhani yake ndi ya akuluakulu amene ntchito yawo ndi kukambirana ndi zigawenga zikagwira anthu chikole kumaiko akunjaku. Kunena zoona ine yandipsetsa mtima. Munthu waba ana a eni, wawaloza mfuti pamutu, iwe n'kumamuimbira foni mwaulemu, kumufunsa ngati wadya? Anaonetsa za ku Iran, anthu 52 a ku America kukhala m'manja mwa anyamata a sukulu masiku 444. Dziko la ndege zankhondo zonse zija kukanika kukatenga anthu ake? Kwathu kuno wakuba mbuzi sitikhala naye pansi. Amene munaionerako tandimasulirani, kapena mutu wangawu ndi umene ukuchepa.

TiyiWopandaShuga:
Mutu siukuchepa achimwene. Mafilimu a makomando a mu video show ndi amene anakulerani.

AphunzitsiAkuChisitu:
Bambo a Kabaza, pa nkhani ya Iran paja mwina mvula inkasokosa pamalata simunamve bwino. Anayesa kupita ndi mfuti. Mu April 1980 Pulezidenti Jimmy Carter anatumiza asilikali usiku pa mahelikopita, koma ku Tehran sanafikeko n'komwe. M'chipululu anakumana ndi chimphepo cha fumbi, mahelikopita ena anawonongeka, ndipo pamene amati azibwerera imodzi inagundana ndi ndege. Asilikali 8 anafera pomwepo. Atamva zimenezo a ku Iran anawamwaza ogwidwa aja m'malo osiyanasiyana kuti wina asadzayeserenso.

Amene anamasula mfundoyo ndi dziko la Algeria. America ndi Iran sankayankhulana, ndiye a ku Algeria ankatenga mawu uku kupita nawo uko, n'kubwera ndi yankho. Pakatikati pa nkhaniyo panali ndalama za Iran zimene America anazitsekera m'mabanki, pafupifupi madola 8 biliyoni. Atamvana, anthu onse 52 anakwera ndege pa 20 January 1981, tsiku lomwe Ronald Reagan ankalumbira. Onse amoyo, akuyenda ndi miyendo yawo.

MsilikaliWopuma:
Aphunzitsi mwasankha yokhayo yokomera mbali yanu. Nanga Entebbe? Pa Uganda pompa, July 1976. Asilikali a Israel anatera usiku pabwalo la ndege, Idi Amin ali mtulo, n'kuchotsa anthu oposa 100 amene zigawenga zinawagwira chikole zitalanda ndege. Sipanatenge ngakhale maola awiri.

AphunzitsiAkuChisitu:
Ya Entebbe sindingakane akuluakulu, inatheka. Komabe ogwidwa 3 anafa pa kuwomberanako, ndipo mayi wina wachikulire amene anali atatengeredwa kuchipatala ku Kampala anaphedwa pambuyo pake chifukwa cha mkwiyo wa Amin. Ndiponso masiku angapo izi zisanachitike boma la Israel linanena kuti lavomera kukambirana. Kukambiranako ndi kumene kunawapatsa nthawi yokonzekera.

Tsono ikani pambali pake Munich, 1972, pa masewero a Olympics. Zigawenga zitagwira chikole anthu a timu ya Israel, apolisi a ku Germany anatchera msampha pabwalo la ndege, zinthu zinasokonekera, ndipo onse pamodzi anthu 11 a timu ya Israel anafa. Ikaninso Beslan ku Russia mu 2004, pamene zigawenga zinagwira chikole ana ndi akuluakulu pasukulu. Tsiku lachitatu mabomba anaphulika, asilikali analowa, anthu oposa 330 anafa, oposa theka anali ana. Ine ndimaphunzitsa Standard 6. Ndikaganiza za Beslan ndimayang'ana ana angawa pa assembly, mawu amandithera.

Ntchito yokambiranayi inayamba kuphunzitsidwa ngati ntchito chifukwa cha Munich yomweyo. Apolisi a ku New York anakhazikitsa gulu lawo la okambirana mu 1973.

KabazaWaChitakale:
Chabwino, koma zofunsa chigawenga ngati chadya zija? Pamenepo ndi pamene ndinatuluka panja ngakhale kunali mvula.

NamwinoWaUsiku:
Achimwene, ine ndimagwira ntchito ndi anthu okwiya usiku uliwonse. Munthu amene m'bale wake wagona pabedi akubuula amabwera ali moto. Ukamuyankha ndi moto womwewo, mwayatsa nyumba. Ukangomusiya anene zonse, n'kubwereza zimene wanenazo kuti aone kuti wamva, mpweya umatsika. Okambirana aja amachita zomwezo. Sakumukonda munthuyo ayi. Wanjala, wosagona, wamantha ndi amene amakoka mfuti msanga. Ndiye amamupatsa chakudya, koma osati chaulere: tikutumizira mpunga, iwe tulutsa wodwalayo. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

TiyiWopandaShuga:
Asisita mwatiphunzitsa. Mawa ndikayesa pa alandilodi.

MayiWaPaLimbuli:
Ndimangowerenga osafuna kulowererapo, koma a Kabaza mwati kwathu kuno sitikambirana ndi wakuba. Ife tinakambirana naye masiku asanu.

Chaka chija Covid isanabwere, mchimwene wanga wamng'ono ananyamuka ulendo wa ku Joni ndi transporter wina. Tinalipira zonse kuno asananyamuke. Patapita masiku anayi foni inalira usiku, nambala ya ku South Africa. Mawu a mwamuna wosadziwika: mwana wanu ali ndi ife cha ku Musina, ndalama munapereka ija inathera m'njira, tumizani R4,000 apo ayi simudzamuonanso. Amayi anga anangokhala pansi pakhonde n'kuyamba kulira maliro.

Amene anatipulumutsa ndi amalume, amene anagwirako ntchito ku migodi nthawi ya Theba. Anafika m'mawa panjinga, natilanda foni. Anati kuyambira lero woyankhula ndi anthu amenewa ndi ine ndekha. Wina asalire pafoni, wina asatchule kuti tili ndi munda kapena mbuzi. Ataimbanso, amalume sanatukwane, sanapemphe. Anangoti: ndisanamve za ndalama, mufunseni mwanayo dzina la galu amene anagwera m'chitsime ali wamng'ono. Anadula. Tinadikira maola atatu titazungulira foni pamphasa, batire ikutha, mwana atathamangira kwa neba kukabwereka ina. Kenako uthenga unalowa wa mawu amodzi okha, dzina la galuyo. Apo ndi pamene amayi anamwa madzi koyamba.

Kuchoka pamenepo kunali kukokerana. Amalume ankangobwereza kuti ife ndi alimi, nandolo sanagulidwe, tingakwanitse R1,000. Iwo ankaopseza, kudula, kuimbanso. Tsiku lachisanu anagwirizana R1,500. Tinagulitsa mbuzi ziwiri pa Limbuli pamtengo wotaya. Amalume anakana kutumiza yonse nthawi imodzi, theka linapita, theka linalo msuweni wathu wa ku Johannesburg atamuona ndi maso. Anamusiya pa filling station, miyendo itatupa, nsapato alibe.

Filimuyo sindinaione. Koma zimene mukunena aphunzitsi ndi asisita, ine ndinaziona pakhonde pathu.

NamwinoWaUsiku:
Mayi pepani kwambiri. Za galu zija ndi zenizeni zimene akatswiri amachita. Amati umboni woti munthuyo ali moyo. Funso lake likhale loti yankho silingapezeke pa Facebook kapena kwa munthu wina aliyense. Amalume anuwo anaphunzira kuti?

MayiWaPaLimbuli:
Sukulu analekezera Standard 4. Amati anaphunzirira pa milandu ya kwa amfumu.

MsilikaliWopuma:
Mayi, ndikuthokoza Mulungu kuti mwana anabwera. Koma ndinene chowawa, mundikhululukire. R1,500 yanuyo ndi imene inagula mafuta a ulendo wotsatira. Mwezi winawo anatsekera mwana wa munthu wina m'nyumba yomweyo chifukwa anaona kuti Amalawi amalipira. Ng'ona ukaiponyera mbuzi padooko, mawa imabweranso pomwepo. Ndi chifukwa chake America ndi Britain amati boma silipereka dipo kwa zigawenga.

MayiWaPaLimbuli:
Zoona bambo. Koma wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Akanakhala wanu mukanatani?

MsilikaliWopuma:
Ndikanagulitsa mbuzi. Sindinama. N'chifukwa chake ndikuti chiganizo chimenechi chisamasiyidwe kwa kholo.

Chinanazi_265:
Lamulo la America lija lili ndi mtengo wake. Ku Syria gulu la ISIS linasunga atolankhani ndi ogwira ntchito zachifundo a maiko osiyanasiyana, ena m'chipinda chimodzi. A ku France ndi a ku Spain anatulutsidwa kumayambiriro kwa 2014. Maboma awo sanavomere kuti analipira, koma nyuzipepala zambiri zinalemba kuti ndalama zinayenda. Mtolankhani James Foley wa ku America anaphedwa mu August chaka chomwecho. Makolo ake ananena poyera kuti akuluakulu a boma anawachenjeza kuti akasonkha dipo akhoza kuimbidwa mlandu. Mu 2015 Obama anasintha, anati mabanja sadzazengedwa mlandu pa zimenezi. Ndiye taganizani, anthu ogona mphasa imodzi, wina apita kwawo wina aphedwa, kusiyana kwake pasipoti basi.

Komanso maiko amene amati salipira amalipira m'njira ina. Israel inatulutsa akaidi 1,027 mu 2011 posinthanitsa ndi msilikali mmodzi, Gilad Shalit. America mu December 2022 inapereka Viktor Bout, wogulitsa zida uja, kuti itenge wosewera basketball Brittney Griner ku Russia. Si ndalama inde, koma si dipo limenelo?

TiyiWopandaShuga:
1,027 kusintha ndi mmodzi? Ine boma likhoza kundisintha ndi thumba la feteleza, n'kupemphanso chenji.

AgogoAkuMuloza:
Ana inu mukukamba za kutali, pamene nkhondo inali kuseri kwa phiri kuno. Mdzukulu wanga ndi amene akundilembera. Mu 1986 a Renamo atalowa m'tauni ya Milange tinkamva mfuti tili m'nyumba zathu. Anthu ankawoloka Muloza ndi ana kumsana, mphika pamutu, ena opanda chovala chenicheni, atangodzikulunga chiguduli. M'dziko muno othawa nkhondo anafika pafupifupi 1 miliyoni. Nthawi imeneyo a Renamo ankagwiranso azungu, amishoni ndi masisitere, kuyenda nawo m'tchire miyezi, ndipo ena ankadzawasiya kumalire a Malawi.

Nkhondoyo sinathe ndi mfuti. Anakakhala pansi ku Rome zaka ziwiri, kwa anthu a Katolika otchedwa Sant'Egidio, pamodzi ndi bishopu wa ku Beira, Jaime Gonçalves. Pa 4 October 1992 Chissano ndi Dhlakama anasaina. Mayi amene tinamusunga pakhomo pathu ndi ana ake atatu anabwerera kwawo patapita chaka ndi miyezi. Amuna ake anaphedwa ndi anthu omwewo amene anakakhala pa tebulo ku Rome. Ndinamufunsa ngati sizikumuwawa. Anati zikuwawa, koma akufuna akalime munda wake.

KabazaWaChitakale:
Agogo zikomo. Bambo anga ankanena za Milange koma sindinkamvetsera.

VendaWaNandolo:
Poti mwatchula Milange, amene wawoloka sabata ino atiuze nandolo akuyenda bwanji kumeneko. Kuno mavenda anzathu a sikelo zokhota atimaliza.

TiyiWopandaShuga:
Venda kudandaula sikelo? Dziko latha.

VendaWaNandolo:
Yanga ili ndi chidindo achimwene, bwerani mudzaione.

KabazaWaChitakale:
Msewu wa ku Muloza dzulo unali matope okhaokha mukangochoka pa tala, osapita ndi katundu wolemera.

AdminWaGulu:
Za nandolo kuli gulu lake. Tibwerere.

Chinanazi_265:
Ine chimene chinandigwira mtima mufilimumo ndi nkhani ya Chibok ku Nigeria. April 2014, gulu la zigawenga la Boko Haram linatenga atsikana 276 pasukulu usiku. Dziko lonse linafuula pa intaneti, maiko akuluakulu anatumiza akatswiri ndi ndege zozonda. Amene anathawa okha masiku oyambirira anali 57. Gulu loyamba lotulutsidwa mwa kukambirana linali la atsikana 21 mu October 2016, kenako 82 mu May 2017. Boma la Switzerland linathandiza, ndipo a Red Cross ndi amene anapita ndi magalimoto kukawatenga.

Koma munthu amene anali pakati ndi loya wa ku Maiduguri, Zannah Mustapha. Bamboyu anatsegula sukulu ya ana amasiye, ndipo ankalandira onse, ana a asilikali ophedwa ndi ana a anthu a Boko Haram ophedwa, kalasi imodzi. N'chifukwa chake mbali zonse zinkamudziwa kuti sanama. Analibe mfuti, analibe udindo m'boma. Anali ndi mbiri yake basi.

AphunzitsiAkuChisitu:
Ndi unkhoswe umenewo. Banja likavuta sutumiza munthu wamphamvu kuposa onse m'mudzi, umatumiza amene akuchimuna ndi akuchikazi omwe angamumvere.

MsilikaliWopuma:
Ayi aphunzitsi, pamenepo musasakanize. Nkhoswe ili ndi mbali, aliyense amabwera ndi yake. Ndipo m'banja onse awiri amakhala ndi mlandu pang'ono. Atsikana a Chibok analakwa chiyani? Iwo aja ankakonzekera mayeso. Komanso musaiwale kuti pa 82 aja boma la Nigeria linatulutsa akaidi a Boko Haram. Anthu amenewo anapita kukalima?

AphunzitsiAkuChisitu:
Mwandigwira, fanizo langa latsimphina. Koma funso lanu lomalizali mukawafunse makolo 82 aja.

MsilikaliWopuma:
Ndi makolo a amene anadzagwidwa pambuyo pake muwafunsenso. Dapchi ku Nigeria komweko, 2018, atsikana ena oposa 100.

NamwinoWaUsiku:
Nonse awiri mukunena zoona, ndi pamene pakuwawira nkhaniyi. Ine ndionjezere za a Red Cross. Iwo sakambirana za mtengo, ntchito yawo ndi kunyamula anthu mbali ziwirizo zikamvana, ndipo amatha kulowa chifukwa aliyense amadziwa kuti alibe mbali. Ku Colombia mu 2008, pamene asilikali anapusitsa zigawenga za FARC n'kupulumutsa mayi wandale Ingrid Betancourt ndi anzake 14, msilikali wina anavala chizindikiro cha Red Cross. Anthu anapulumuka popanda chipolopolo, koma Pulezidenti Uribe anachita kupepesa. Chifukwa mawa lake wa Red Cross weniweni akafika m'tchire, amukhulupirira ndani?

MlondaWaEsiteti:
Ndalowa mochedwa, ndinali pa ntchito. Filimu imeneyi ndinaionera pafoni mwezi watha, inandidyera bundle yonse. Chimene ndinaona ine n'choti ngakhale pogwidwa pali olemera ndi osauka. Makampani akuluakulu amagula inshuwalansi ya kubedwa kwa antchito awo. Bwana akagwidwa, tsiku lomwelo katswiri wakwera ndege. Sitima ya mafuta ija Sirius Star mbava za panyanja za ku Somalia zinaigwira mu November 2008, pofika January inali itamasulidwa, ndalama anachita kuziponya pa parachuti kuchokera m'ndege. Miyezi iwiri yokha, chifukwa munali mafuta a madola mamiliyoni ambiri.

Tsono asodzi a sitima ya Naham 3. Anagwidwa mu March 2012, anyamata osauka a ku Cambodia, Philippines, Indonesia, Vietnam, China ndi Taiwan. Analipo 29, atatu anafa. Otsala 26 anatuluka mu October 2016. Zaka zinayi ndi theka. Mmodzi anauza atolankhani kuti ankadya makoswe. Palibe amene ankathamanga chifukwa panalibe mafuta oti apulumutse.

Ndikamayenda m'tiyi usiku ndi tochi ndimadzifunsa kuti atandigwira ine, angaimbire ndani.

TiyiWopandaShuga:
Makoswe enieni, osati mbewa? Apo ndiye ndasiya nthabwala.

Chinanazi_265:
A Mlonda mwanena za ife. Taonani azimayi athu amene anapita ku Oman atalonjezedwa ntchito zabwino. Kufika kumeneko pasipoti kulandidwa, ndipo akati ndikufuna kwathu, bwana amati bwezani kaye ndalama zimene ndinakugulirani. Sankatchedwa ogwidwa chikole, koma kusiyana kwake kuli pati? Ena anabwera anthu atachita kukambirana ndi mabwanawo mmodzimmodzi, ndalama n'kuperekedwa.

KabazaWaChitakale:
Nanga wokambiranayo iwo sangamugwire? Ine sindingapite.

AphunzitsiAkuChisitu:
Zinachitika. Terry Waite anali nthumwi ya mkulu wa mpingo wa Anglican ku Canterbury. Anathandiza kutulutsa anthu ku Iran ndi ku Libya. Mu January 1987 anapita ku Beirut kukakumana ndi amene ankasunga azungu, atamulonjeza kuti sadzamukhudza. Anamugwira. Anakhala masiku 1,763, nthawi yambiri ali yekha, atamangidwa unyolo kukhoma. Anatuluka mu November 1991. Chimene chinamuonongera n'choti dzina lake linayamba kumveka pamodzi ndi nkhani ija yoti America inkagulitsa zida ku Iran mobisa kuti anthu ake amasulidwe. Kungokayikiridwa kuti uli ndi mbali, basi watha.

MbuyeWaBvumbwe:
Ine ndichenjeze za zina. Si foni iliyonse yoopseza imene ili yoona. Mlamu wanga anaimbiridwa kuti mwana wake wa ku sekondale ali m'manja mwawo, kumbuyo kukumveka kulira. Anathamanga kwa ejenti n'kutumiza K80,000 ya feteleza. Madzulo mwana akubwera ndi chikwama chake akudya chimanga chootcha, sakudziwa kanthu. Akanafunsa funso ngati la amalume aja sakanaluza. Ndipo pitani ku polisi, musamangodzisungira.

MayiWaPaLimbuli:
Ife kupolisi tinaopa chifukwa mwanayo anadutsa njira yachidule, mapepala ake sanali bwino. Anthu aja amadziwa zimenezo, ndi pamene amatigwirira. Lero ndikanapita.

MsilikaliWopuma:
Apo tagwirizana mayi. Lipirani ngati palibe njira ina, koma mwana akangotuluka nambala ija ipite kwa apolisi. Transporter ameneyo ali ndi mudzi, ali ndi mfumu.

MayiWaPaLimbuli:
Ali nawo. Ndimakumana ndi mkazi wake kuchigayo.

TiyiWopandaShuga:
Eee. Mumapatsana moni?

MayiWaPaLimbuli:
Timapatsana. Iye amayang'ana pansi.

KabazaWaChitakale:
Ine mtima wanga sunasinthe kwenikweni, munthu wogwira ana ndimafunabe aone zakuda. Koma ndikabwerera kwa mnzanga uja ndikaione kuyambira pamene ndinatulukira. Mayi a pa Limbuli, funso limodzi lokha, musandiseke. Galuyo anatuluka m'chitsimemo?

MayiWaPaLimbuli:
Anatuluka. Amalume omwewo ndi amene anatsika ndi chingwe.

VendaWaNandolo:
A Kabaza mukapita mundikopereko pa flash, ndidzatenga Lachisanu ndikamadutsa ndi matumba.

KabazaWaChitakale:
Bweretsani flash yanu, yanga munasowetsa chaka chatha.